Khasu, Buku ndi Mfuti pa Mbendera Imodzi



Ukaima pa Mitundu n'kuyang'ana mapiri a Dzalanyama, kuseri kwake ndi ku Mozambique. Pa mbendera ya abale athuwa pali buku lotsegula, khasu ndi mfuti ya AK-47. Mbenderayi inakhazikitsidwa mu 1983, nkhondo yapachiweniweni ya boma la Frelimo ndi gulu la Renamo ili mkati. Nkhondoyo, kuyambira 1977 mpaka 1992, inapha anthu pafupifupi miliyoni imodzi, ndipo enanso pafupifupi miliyoni anathawira kuno ku Malawi.

Kwa amene analimbana ndi atsamunda achipwitikizi, mfutiyo ndi chikumbutso cha ufulu wa 1975 ndi chitetezo cha dziko. Koma mayi amene mwana wake anaphedwa ndi mfuti yomweyo, m'manja mwa mnansi wake, amaonapo manda. A Renamo ankadandaulanso kuti mbenderayo inachokera ku mbendera ya Frelimo. Mu 2005 kunachitika mpikisano wojambula ina, koma aphungu a Frelimo, pokhala ochuluka m'nyumba ya malamulo, anakana kusintha.

Chaona mnzako chapita, mawa chili pa iwe. Mu 2010 boma la Bingu wa Mutharika linachotsa dzuwa lotuluka la 1964 n'kuikapo dzuwa lathunthu loyera. Mu 2012 mbendera yakale inabwerera. Ine ndikuti mbendera imakhala ya dziko pokhapokha wogonja pa chisankho, ngakhalenso wamasiye wa mbali iliyonse, atha kuima pansi pake osamva kuti akunyozedwa. Ikakhala ya opambana okha, ndi nsalu ya chipani.

Mtendere wa Mozambique unasainidwa ku Rome pa 4 Okutobala 1992, ndi thandizo la gulu lachikatolika la Sant'Egidio ndi Arkiepiskopi Jaime Gonçalves wa ku Beira. Mu 1995 Episkopi Dinis Sengulane wa Anglikani anayambitsa ntchito yosinthanitsa mfuti ndi makasu, njinga ndi makina osokera, motsatira masomphenya a Yesaya 2:4. Mfuti inatsala pa nsalu, koma zambiri zinachoka m'midzi. Imeneyo ndiyo ntchito imene ifenso tingaithe.

Tsono pa msika wa Mitundu kapena pa Nathenje, wina akakupatsa nsalu ya chipani ndi kangachepe kuti ukang'ambe ya mnzako, kumbukira kuti Lamulungu mudzagwadira pa guwa limodzi. Sabata ino, m'miphakati mwathu, tipempherere amene anafa pa nkhondo ija, a mbali zonse ziwiri.

Ambuye atipatse mtendere wawo.