Cithunzi cafika ku Kavalamanja, nanga mau athu afika kuti?

Aliyense wa ife amene amalipira DStv, GOtv kapena TopStar pa mwezi amalipiranso msonkho wa wailesi ya kanema ya dziko, ZNBC, ngakhale ambiri sadziwa zimenezi. Msonkho umenewu unabwera ndi lamulo la mu 2002. Poyamba unali K3,000 ya ndalama zakale pa mwezi, ndipo anali kuudula pamodzi ndi bilu ya malaiti ya ZESCO. Ife a ku Kavalamanja sunali kutipeza, pakuti munthu wopanda waya wa malaiti analibe bilu. Mu 2018 Boma linaukweza kufika pa K5 ya ndalama zatsopano, ndi kuupereka m'manja mwa makampani ogulitsa macanelo kuti ndiwo aziutolera. Kucokera pamenepo mlimi amene wagulitsa mbuzi zake nagula sola, batire ndi dishi, walowa m'gulu la olipira. Ndalamayo ndi yocepa, sitikana ai. Koma amene wasonkha ufa ali ndi ufulu wofunsa za nsima, ndipo funso lathu ndi ili: kodi wailesi ya kanema imene tikulipira imatidziwa kuti tiliko?

Tiyambe ndi kumene inacokera. Wailesi ya kanema inayamba m'dziko muno mu 1961 ku Kitwe, ndipo inali ya kampani, yopangira azungu a m'migodi. Titalandira ufulu Boma linaitenga, ndipo bungwe la ZNBC monga tilidziwira lero linakhazikitsidwa ndi lamulo la mu 1987. Tinayamba msanga ndithu poyerekeza ndi anzathu. South Africa inayamba mu 1976, Mozambique mu 1981, Malawi mu 1999. Koma kuyamba msanga kwa dziko sikunatanthauze kanthu kwa munthu wa m'cigwa. Milongoti yotumiza zithunzi inatsata njanji ndi mizinda ikuluikulu ya zigawo, ndipo mphamvu yake siidumpha mapiri. Pakati pa ife ndi Lusaka pali mapiri okhaokha. Cathu cinali wailesi ya mau, kuyambira pa kawailesi kochipa kooneka ngati poto kamene kanafalitsidwa mu 1949, kufikira mawailesi a mabatire amene makolo athu anali kuwaanika pa dzuwa poganiza kuti mphamvu ibwereramo. Zithunzi zoyenda tinali kuziona pokhapo galimoto ya Boma ya zofalitsa nkhani ikabwera kudzaonetsa kanema pa nsalu.

Zinthu zinasintha ndi cimene akuti kusamukira ku dijito. Maiko a m'cigawo cathu anapangana pa bungwe la ITU kuti pofika pa 17 June 2015 aleke kuulutsa m'njira yakale. Zambia inayamba ndi mizinda ya m'mbali mwa njanji mu 2015, ndipo kumeneko njira yakale inazimitsidwa mu October 2017. Kuti nchito ifike dziko lonse, Boma linagwirizana ndi kampani ya ku China ya StarTimes pa nchito ya mtengo wa madola 273 miliyoni, ndipo gawo lalikulu la ndalamazo linali nkhongole yocokera ku Exim Bank ya ku China. Pamenepo ndi pamene panabadwira kampani ya TopStar, mmene StarTimes inatenga magawo 60 pa 100 ndipo ZNBC inatenga 40, pa pangano la zaka 25.

Apa tiime pang'ono, cifukwa ndi pamene pagona nkhani. Mlimi wa kuno amalipira katatu. Amalipira kampani pa mwezi kuti dikoda itseguke. Amalipira msonkho uja wa ZNBC. Ndipo nkhongole ya dziko, ndani amaibweza? Ngati malonda a kampaniyo sakwanitsa, imagwera nkhokwe ya Boma, imene imadzazidwa ndi msonkho umene tonsefe timapereka pogula sopo, mabatire ndi mphindi za pa foni. Ngakhale gogo amene sanakhalepo patsogolo pa kanema ali nalo gawo lake pa mtolo umenewu. Sitikunena kuti nchitoyo inali yacabe. Zithunzi zimaoneka bwino tsopano, macanelo acuruka, ndipo ana athu aona zimene ife tinali kungomva ndi makutu. Amene anaunjikana pa kanema mmodzi usiku wa pa 12 February 2012, pamene Chipolopolo inagonjetsa Ivory Coast ku Libreville, adziwa bwino cimene cithunzi cimacita pa mtundu wa anthu. Koma katundu wogula ndi nkhongole afunika kumuyang'anitsitsa koposa wa mphatso.

Inalipo mphatso yeniyeni, ndipo tiichule. Mu December 2015 ku Johannesburg, mtsogoleri wa China, Xi Jinping, analonjeza kufikitsa kanema wa pa dishi ku midzi 10,000 ya mu Africa. Zambia inapatsidwa midzi 500, ndipo nchito inakhazikitsidwa mu 2018. Mudzi uliwonse wosankhidwa unali kulandira makina awiri oonetsera pa cipupa, kanema mmodzi wa pa malo a gulu monga sukulu kapena cipatala, zipangizo za sola, ndiponso madikoda 20 a mabanja. Cinthu cabwino. Koma dikoda ya pa nyumba, nthawi yaulere ikatha, imafuna ndalama mwezi ndi mwezi, ndipo ndalama ya mlimi ndi ya msodzi siibwera mwezi ndi mwezi. Imabwera masau akapsa, mphasa zikagulidwa ku Luangwa Bridge, kapena nsomba zikagwidwa. Kuyambira pa 1 December kufikira kumapeto kwa February usodzi ndi woletsedwa, m'nkhokwe mulibe kanthu, ana afuna za kusukulu. Miyezi imeneyo, imene munthu afunikira kwambiri kumva za mvula ndi za madzi a mumtsinje, ndiyo imene dikoda yake imakhala yotseka. Amene anakonza malipiro a pa mwezi anali kuganiza za munthu wolandira malipiro pa mwezi.

Za malaiti sitinena zambiri. Boma la Luangwa linadalira makina a dizilo kwa zaka zambiri lisanalumikizidwe ku waya wa dziko, ndipo cilala ca mu 2024 cinationetsa kuti ngakhale wayawo umatha mphamvu madzi akacepa ku Kariba. Caka cimeneco a m'tauni anakhala mumdima nthawi yaitali pa tsiku, pamene wa kasola ka pa denga la udzu anali kupenya nkhani. Tinaseka, koma kunali kuseka kwa anthu a njala.

Ena amati dera longa lathu ndi lovuta kulifikira, ndiye tisadandaule. Tiyeni tione dziko lina laling'ono la pa cisumbu, Mauritius, m'nyanja ya India kum'mawa kwa Madagascar. Dziko lonselo ndi la makilomita 2,040 m'bwalo lake, kucepa kuposa boma lathu la Luangwa, koma muli anthu oposa miliyoni imodzi, pamene ife pa kalembera wa mu 2010 tinangopitirira 24,000. Kanema wao, wa bungwe la MBC, anayamba mu 1965. Iwonso kwa zaka zambiri atolera msonkho wa kanema kupyolera m'bilu ya malaiti, monga tinali kucitira ife. Iwo anayamba kuulutsa m'njira ya dijito mu 2005, zaka khumi ife tisanayambe, ndipo anafika pa tsiku la pangano la mu 2015 atakonzeka. Pamenepa palibe codabwitsa, pakuti milongoti yocepa ikwanira kuphimba kacisumbu, pamene Zambia ndi ya makilomita oposa 750,000. Sitingayerekeze munda wa pa dimba ndi famu.

Cimene citikhudza ndi cina. Mauritius ali ndi kacisumbu kena kake kochedwa Rodrigues, kotalikirana ndi likulu makilomita oposa 500 pa madzi okhaokha, kokhala alimi ndi asodzi ocepa ngati ife. Bungwe la MBC linafikitsa kanema kumeneko mu 1987, ndipo lili ndi nthambi yake pa kacisumbuko, kotero kuti nkhani za anthu a kumeneko zimatoledwa ndi kuulutsidwa m'cinenero cao ca Cikiliyo. Linatsegulanso macanelo apadera a Cikiliyo ndi a Cibhojpuri, zinenero za pa nyumba zimene kale zinali kunyozedwa. Sitikuti zonse n'zokoma kumeneko. MBC yakhala yokha pa kanema wa m'dzikomo popanda wopikisana naye, ndipo otsutsa boma, kaya ndi cipani citi, amaidandaula kuti imaimbira ng'oma olamula. Pa mfundo imeneyo ife tili patsogolo, pakuti tili nao makanema a anthu wamba monga Muvi TV, Diamond TV ndi Prime TV, ndi ena a mipingo. Koma pa mfundo yoti wa kutali nayenso aoneke ndi kumveka, atisiya.

Kavalamanja nayo ndi cisumbu m'njira yake. Kum'mwera kuli Zambezi ndi Kanyemba wa ku Zimbabwe, kum'mawa kuli Luangwa ndi Zumbo wa ku Mozambique, kumadzulo kuli nkhalango ya nyama ya Lower Zambezi, kumpoto mapiri. Pa mapu tili m'cigawo ca Lusaka. Pamene nchito ya dijito inaphatikizapo kumanga nyumba zoulutsira m'zigawo, monga ku Chipata, Mongu ndi Kasama, ife tinawerengedwa kuti yathu ilipo kale, ndiyo ija ya pa mseu wa Alick Nkhata mu Lusaka. Koma kucoka kumeneko kudzafika pa Boma la Luangwa ndi makilomita oposa 300, ndipo mtolankhani wa mu mzinda ali ndi nduna, makhoti ndi misika pakhomo pake. Adzaoceranji mafuta kudzaona munda umene njovu zadya?

Dzina la mudzi wathu limamveka pa kanema makamaka mwezi wa March, pokumbukira tsiku la 6 March 1978 pamene asilikali a Rhodesia anaphulitsa mabomba kuno polondola omenyera ufulu a ZIPRA, napha asilikali a dziko lathu ndi anthu wamba, ena nathawa kusiya midzi yao. Nkoyenera kuti dziko lizikumbukira, ndipo tithokoza amene amabwera. Koma makamera amajambula nkhata za maluwa ndi zolankhula za akuluakulu, dzuwa likapendeka abwerera. Miyezi khumi ndi umodzi yotsalayo amoyo a ku Kavalamanja amalimbana ndi njovu m'minda, ng'ona pa madooko, mvuu m'madimba ndi mseu wovuta nthawi ya dzinja, ndipo zimenezi zimafika pa kanema kawirikawiri pokhapo munthu akafa.

Palinso nkhani ya cinenero. ZNBC imaulutsa m'zinenero zisanu ndi ziwiri za m'dziko: Cibemba, Cinyanja, Citonga, Cilozi, Cikaonde, Cilunda ndi Ciluvale. Ife a kwa Mfumu Mphuka ndi a kwa Mfumu Yaikulu Mburuma, olankhula Cikunda ndi Cinsenga, timakhala pansi pa mthunzi wa Cinyanja, ndipo timacimva bwino. Sitikupempha canelo ca Cikunda, tidziwa kuti thumba la dziko silingathe. Koma pa kanema nthawi ya zinenero zonsezi ndi yocepa poyerekeza ndi ya Cingelezi. Pulogalamu ya alimi ya Lima Time, yokonzedwa ndi a NAIS a mu unduna wa zamalimidwe, yathandiza ambiri. Koma ulimi wa ku mapiri a mvula yambiri si ulimi wa m'cigwa cotentha cino, kumene mapira, mbuzi ndi madimba a m'mbali mwa mtsinje ndizo zimapulumutsa banja. Cenjezo loti zitseko za damu la Kariba zitsegulidwa, mtengo umene FRA igulira cimanga, tsiku lolembetsa feteleza wa FISP, izi ndi nkhani za moyo kwa ife, ndipo ziyenera kunenedwa m'cinenero cimene mai wa pa mtondo amva, pa nthawi imene wabwerako ku munda.

Cotsiriza cofunika kucidziwa ndi cakuti amene wagwira mpopi ndiye amasankha womwa. Lamulo lokhazikitsa bungwe loyang'anira mawailesi la IBA linapangidwa mu 2002, koma bungwelo linayamba nchito mu 2013. Mu August 2016, cisankho citangotha, linaimitsa Muvi TV ndi mawailesi ena awiri. Mu March 2020 Boma linaleka kugwira nchito ndi Prime TV pa mkangano wa zolengeza za matenda a Covid-19, TopStar inacotsa caneloco pa makina ake, ndipo mu April IBA inalanda laisensi. Prime TV inabwerera mu August 2021 boma litasintha. Munthu wa mu Lusaka canelo cikatsekedwa amagula nyuzipepala kapena kutsegula intaneti. Wa kuno, amene netiweki ya foni amaifuna pa culu, amangoona kuti nambala ija pa dikoda yada, ndipo watsala ndi mau a mbali imodzi. Nkhani imeneyi si ya cipani, pakuti maboma onse amene talamulidwa nao anaikonda ZNBC ali pa mpando ndi kuidandaula atacokapo.

Nanga tingapemphe ciani cimene cingatheke? Coyamba, macanelo a ZNBC, amene timawalipira kale ndi msonkho, azioneka pa dikoda iliyonse ya pa dishi ngakhale mwezi umene munthu walephera kulipira kampani. Caciwiri, makampani alole malipiro a pa nyengo, kuti mlimi alipire kamodzi atakolola. Cacitatu cili m'manja mwathu. Ofesi ya ZANIS ili pa Boma, ndipo nchito yake ndi kutumiza nkhani za m'boma lino ku Lusaka. Anyakwawa, makomiti a citukuko a m'mawadi ndi magulu a alimi aziiitana ndi kuilembera, osadikira mlendo wa galimoto ya mbendera. Ndalama za CDF, zimene zinakwera kucoka pa K1.6 miliyoni kufika pa K25.7 miliyoni mu 2022, zingathe kukonza sola ndi kanema wa gulu pa sukulu pamene zinaonongeka, ngati nkhaniyo yalowa m'mapempho a wadi pa nthawi yake. Ndipo amene ali ndi dandaulo pa zimene zaulutsidwa ayambe walembera wailesiyo, asunge kope la kalata yake, ndipo akapanda kuyankhidwa apite nayo ku IBA. Kalata yosainidwa ndi gulu lonse la alimi, yokhala ndi cidindo ca mfumu, imalemera koposa ya munthu mmodzi.