CHALA CHOBINYA SICHIKOKEDWA

Masewera a mpira ndi okondedwa kwambiri m'sukulu za m'dziko la Malawi. Ku Chifunga, kumunsi kwa boma la Neno, ana akaweruka m'kalasi amathamangira ku bwalo monga amachitira anzawo a m'madera ena onse. Atsikana ambiri amasewera mpira wamanja ndipo anyamata amakonda mpira wamiyendo. Masewera amenewa amalimbitsa thupi ndiponso amaphunzitsa ana kugwirizana. Koma pamene pali masewera, ngozi sizilephera. Imodzi mwa ngozi zimene zimachitika kawirikawiri ndiyo kubinya chala.

Ngozi imeneyi imachitika chala chikapindikira kumbuyo kupyola malire ake. Mpira wobwera mwaliwiro ukamenya kunsonga kwa chala, umachikankhira kumbuyo mwadzidzidzi. Osewera mpira wamanja ndi magoloboyi ndiwo amapweteka motere kawirikawiri. Mwana angathenso kubinya chala akagwa n'kutsamira dzanja pansi, kapena mbuzi imene wagwira ikatsomphola chingwe mwamphamvu. Ena amapwetekedwa ndi anzawo amene amakonda kupindana zala pocheza.

Mwana akabinya chala pa bwalo, anzake amamuzungulira msanga. Kawirikawiri mmodzi wa iwo amagwira chalacho n'kuchikoka mwamphamvu, ati kuti chibwerere m'malo mwake. Amene amachita zimenezi amakhala ndi mtima wofuna kuthandiza, koma chizolowezi chimenechi n'choipa ndipo chiyenera kuleka. Kuti munthu amvetse kuipa kwake, ayenera kuyamba wadziwa mmene chala chinapangidwira.

M'dzanja limodzi la munthu muli mafupa 27. Mwa mafupa amenewa, 14 ali m'zala. Chala chilichonse chili ndi mafupa atatu, kupatula chala chachikulu chimene chili ndi awiri okha. Pamene mafupa awiri akumana pamatchedwa pa mfundo. Mafupawo samangogundana chabe ayi, koma ndi omangidwa ndi timitsempha tolimba. Timitsempha timeneti si toyendamo magazi. Ntchito yake ndi yofanana ndi ya luzi limene limamanga mitengo ya nkhokwe kuti isalekane. M'mbali ziwiri za mfundo iliyonse muli timitsempha toletsa chala kupendekera kumanja kapena kumanzere. Kumbali ya chikhatho kuli kamtsempha kena kochindikala, kamene kamaletsa chala kupindikira kumbuyo.

Chala chikapindikira kumbuyo mwamphamvu, kamtsempha kochindikala kaja ndiko kamavulala, makamaka pa mfundo ya pakati pa chala. Nthawi zina kamangotamuka, nthawi zina kamang'ambika pang'ono, ndipo nthawi zina kamadukiratu. Mphamvu ikachuluka kwambiri, kamtsemphako kamazuka pamodzi ndi kachibenthu ka fupa, kapena fupalo limaguluka pa mfundo. Wovulalayo amamva kupweteka, chala chimatupa ndipo mwina chimada chifukwa cha magazi otayikira m'kati.

Tsono kukoka chala chotere n'chimodzimodzi kukoka luzi limene layamba kale kuduka. Mtsempha umene unang'ambika pang'ono ungathe kudukiratu. Ngati muli fupa lothyoka, zidutswa zake zingathe kusuntha ndipo chalacho chingadzapole chokhota. Kwa ana vutoli ndi lalikulu koposa, chifukwa mafupa awo akali kukula. Kunsonga kwa fupa la mwana kuli malo ofewa amene fupalo limakulira, ndipo malo amenewa sachedwa kuthyoka. Choncho chala chimene chikuoneka ngati changobinya chingathe kukhala chothyoka. Palibe munthu amene angadziwe zimenezi pongoyang'ana ndi maso pa bwalo.

Anthu ena amatsutsa mfundo imeneyi. Iwo amanena kuti anaonapo zala zambiri zitakokedwa koma zinachira bwinobwino. N'zoona kuti zala zambiri zobinya zimachira, koma sizichira chifukwa cha kukokako. Thupi la munthu lili ndi mphamvu yolumikiza lokha mtsempha umene wavulala pang'ono, ndipo zala zimenezo zikanachira ngakhale popanda wozikoka. Enanso amati ngakhale a chipatala amakoka chala chogulukacho. Zimenezi n'zoonanso, koma iwo anaphunzira ntchitoyo. Amayamba apima chalacho, ndipo kawirikawiri amabaya mankhwala oletsa ululu asanachibwezere m'malo mwake. Mwana wa sukulu alibe luso limeneli.

Palinso zizolowezi zina zimene sizithandiza. Kuthowa chala ndi madzi otentha tsiku limene chavulala kumawonjezera kutupa. Kuchitikita mwamphamvu kumapweteka mtsempha umene ukufuna kupuma. Kutema mphini pa chala chotupa kumatsegula njira yoti tizilombo toyambitsa matenda tilowe m'thupi, ndipo vuto laling'ono limasanduka chilonda.

Nanga mwana amene wabinya chala athandizidwe bwanji? Choyamba, aleke kusewera nthawi yomweyo ndipo mphunzitsi kapena munthu wamkulu auzidwe. Ngati pa chalapo pali mphete kapena kachingwe, zichotsedwe chala chisanatupe. Chachiwiri, chalacho chiviikidwe m'madzi ozizira kwa mphindi 15 kapena 20, ndipo zimenezi zibwerezedwe kangapo pa tsiku. Ku malo otentha ngati ku Chifunga, madzi a mumtsuko kapena ongotungidwa kumene pa mjigo angathe kuthandiza. Chachitatu, dzanja likhale lokwezedwa pa chifuwa, osati lolendewera, kuti kutupa kuchepe.

Chachinayi, chala chovulalacho chimangidwe pamodzi ndi chinzake choyandikana nacho. Akuluakulu anati chala chimodzi sichiswa nsabwe, ndipo pano chala chabwino chimachirikiza chinzake chodwala. Pakati pa zala ziwirizo payikidwe kansalu koyera kapena thonje, kenaka zimangidwe ndi pulasitala kapena kansalu m'munsi ndi pamwamba pa mfundo. Kumangako kusakhale kothina kwambiri. Nsonga ya chala ikayamba kuzizira, kuchita dzanzi kapena kusintha mtundu, ndiye kuti magazi sakuyenda bwino ndipo pafunika kumasula.

Pali zizindikiro zimene zimasonyeza kuti wovulalayo ayenera kupita ku chipatala tsiku lomwelo. Zizindikirozo ndi izi: chala chakhota kapena chikuoneka chachifupi, sichikutheka kupinda kapena kuwongoka, chachita dzanzi, chatupa kwambiri, kapena pali bala pa mfundo. Ngakhale zizindikirozi zisaoneke, ndi bwino kupitabe ngati ululu sukuchepa patapita masiku awiri kapena atatu.

Anthu a ku Chifunga ali ndi chipatala chaching'ono m'dera lawo lomwelo. Vuto likakhala lalikulu, odwala amatumizidwa ku zipatala zokulirapo monga cha Lisungwi kapena cha boma ku Neno. Ku zipatala zikuluzikulu kuli makina ounikira mafupa, amene amaonetsa ngati fupa lathyoka. Kuyambira m'chaka cha 1985, dziko la Malawi lakhala likuphunzitsa anthu a chipatala odziwa za mafupa, amene amagwira ntchito m'zipatala za m'maboma. Mu mzinda wa Blantyre muli chipatala chachikulu cha Queen Elizabeth, ndiponso chipatala cha Beit CURE chimene chinatsegulidwa m'chaka cha 2002 ndipo chimathandiza ana a mavuto a mafupa. Choncho palibe chifukwa choti chala cha mwana chipunduke pamene thandizo lilipo.

Kuchira kwa mtsempha kumafuna kudekha. Kawirikawiri chala chimakhala chomangidwa ku chinzake kwa masabata awiri kapena atatu, koma kutupa kwa pa mfundo kungathe kukhalapo kwa miyezi ingapo. Chala sichiyenera kukhala chosagwedezeka kwa nthawi yaitali, chifukwa mfundo imauma. A chipatala akalola, wovulalayo ayambe kuchipinda ndi kuchiwongola pang'onopang'ono tsiku ndi tsiku. Mwana amene amabisa kuvulala kwake poopa kuchotsedwa m'timu amadzilakwira yekha. Kuphonya masewera awiri n'kwabwino kusiyana ndi kukhala ndi chala chouma moyo wonse, chimene chingamuvute pogwira cholembera, khasu kapena singano.

Makolo ena akaona ngozi zotere amaganiza zoletsa ana awo kusewera mpira. Maganizo amenewa si abwino. Mpira wamanja watchukitsa dziko la Malawi kunja. M'chaka cha 2007 timu ya dziko lino ya Malawi Queens inakhala pa nambala 5 pa mpikisano wa dziko lonse lapansi ku Auckland, m'dziko la New Zealand. M'chaka cha 2016 timu yomweyi inakhala pa nambala 3 pa mpikisano wa Fast5 ku Melbourne, m'dziko la Australia. Akatswiri monga Mary Waya ndi Mwawi Kumwenda sakanadziwika akanaletsedwa kusewera ali ana. Chofunika ndi kuphunzitsa ana kasewedwe koyenera.

Wosewera wanzeru amayang'anitsitsa mpira mpaka utafika m'manja mwake. Amawakha ndi manja awiri, zala zitatambasuka ndiponso zitapindika pang'ono ngati wagwira chipanda. Salozetsa zala ku mpira, ndipo mpirawo ukafika amabweza mikono pang'ono kuti mphamvu yake ichepe. Malamulo a mpira wamanja amafunanso kuti zikhadabo zikhale zazifupi ndipo osewera asavale zinthu zimene zingapweteke iwo eni kapena anzawo. Bwalo nalo lichotsedwe miyala ndi zitsa kuti osewera asamapunthwe.

Aphunzitsi a masewera ndi atsogoleri a matimu ali ndi udindo waukulu pa nkhani imeneyi. Sukulu iliyonse iyenera kukhala ndi kabokosi kosungiramo thonje, pulasitala ndi nsalu zoyera. Koma udindo woyamba uli ndi ana eni ake, chifukwa ndiwo amakhala pafupi ngozi ikachitika. Bwenzi lenileni la mwana wovulala ndi amene amaletsa ena kukoka chalacho, n'kuthamanga kukatunga madzi ozizira ndi kukaitana mphunzitsi.

MAFUNSO

1. Kodi m'zala za dzanja limodzi muli mafupa angati?
2. Fotokozani ntchito ya kamtsempha kochindikala ka kumbali ya chikhatho.
3. Perekani zifukwa ziwiri zimene chala chobinya sichiyenera kukokedwa.
4. Tchulani zizindikiro zitatu zosonyeza kuti wovulala apite ku chipatala msanga.
5. Kodi mwambi woti "chala chimodzi sichiswa nsabwe" ukugwirizana bwanji ndi nkhaniyi?
6. Pangani ziganizo zomveka bwino ndi mawu awa: kubinya, kuthowa, kuchirikiza, dzanzi.