Mngelezi Amene Anasunga Nyimbo za Makolo Athu

Madzulo ali onse m'masitolo ndi m'malo omwera a ku Northmead mumalira nyimbo zocokera kumaiko osiyanasiyana. Koma mwa anyamata ndi atsikana amene amabvina kumeneko, ndi ocepa angadziwe kuti mau a agogo ao oimba kalimba ndi kalumbu alipobe, ndi kuti amene anawasunga anali mlendo wa ku Mangalande, Bambo Hugh Tracey.

Bambo Tracey anabadwira ku Devon m'caka ca 1903. Akali mnyamata anabwera ku Southern Rhodesia kudzathandiza mkulu wao kulima fodya, ndipo m'mindamo anaphunzira Cikaranga ndi nyimbo za anchito. Azungu anzao anali kuyesa nyimbozo phokoso cabe. Iwo anamvamo luso, ndipo m'caka ca 1929 anaperekeza oimba ena ku Johannesburg kukajambulitsa mau ao pa mbale.

Pambuyo pace analowa nchito ya wailesi, nakhala mkulu wa nyumba youlutsira mau ya ku Durban kufikira 1947. Atacoka kumeneko anayamba maulendo atali-atali, galimoto itadzaza makina ojambulira mau, kuyenda m'midzi, m'misika ndi m'makomboni. M'caka ca 1954 anakhazikitsa bungwe la International Library of African Music, limene linaturutsa mbale zoposa 200 zochedwa Sound of Africa.

Kwa ife a m'Zambia, caka cofunika koposa ndi 1957. M'cakaco Bambo Tracey anajambula anyamata a m'migodi ya ku Copperbelt akuimba ndi magitala za moyo wa m'tauni, za malipiro, za akazi ndi mowa. Anatsikiranso ku cigwa ca Gwembe kwa Atonga, pamene khoma la Kariba linali kumangidwa. Posacedwa madzi anamiza midzi, minda ndi manda, ndipo anthu pafupifupi 57,000 a mbali zonse ziwiri za Zambezi anasamutsidwa. Amene amvetsera mbalezo lero akumva ng'oma zikulira pa malo amene tsopano ali pansi pa nyanja.

Komabe mlendo sakadatha yekha nchito yotere. Wina mwa amene anayenda naye ndi Malemu Alick Nkhata, amene anabadwira ku Kasama mu 1922 namenya nkhondo ku Burma. Bambo Nkhata anatenga luso lojambula mau napita nalo ku wailesi ya Central African Broadcasting Station muno mu Lusaka, panthawi imene kawailesi kochipa kochedwa Saucepan Special, kamene kanaturuka mu 1949, kanali kufalikira m'nyumba za anthu akuda. Kusiyana kwa awiriwa nkwakukulu ndithu: Bambo Tracey anali kutenga nyimbo kuti zisungidwe, pamene Bambo Nkhata anali kuzibwezera kwa eni ace kupyolera pa wailesi, nazikonzanso mwatsopano ndi gulu la Lusaka Radio Band. Anaphedwa mu 1978 pafupi ndi Mkushi pamene asilikali a Ian Smith anaukira dziko lino, ndipo mseu umene uli ndi likulu la wailesi yathu uli ndi dzina lao.

Pali ena amene amadandaula, ndipo ali ndi cifukwa, kuti oimba ambiri a m'midzi sanapindule kweni-kweni ndi mbalezo, mwinanso sanazimvepo nkomwe. Bambo Tracey anamwalira mu 1977, ndipo caka cotsatira mwana wao Andrew anasamutsira cuma conseco ku Rhodes University, ku Grahamstown, mzinda umene tsopano ukuchedwa Makhanda. Conco mdzukulu wa woimba wa ku Gwembe kapena ku Mufulira, akafuna kumva mau a agogo ace, ayenera kuyamba wafunsa ku South Africa.