MAPANGA AWIRI AVUMBWITSA

M'madera a Kawale, Biwi, Chinsapo, Mgona, Area 23 ndi Area 25 mu mzinda wa Lilongwe, milandu ya mapoloti ndi ngongole siyisowa. Poloti imodzi igulitsidwa kwa anthu awiri, kapena ana amasiye alandidwa nyumba ndi achibale a bambo wawo. Chodandaulitsa n'chakuti wolakwiridwa kawirikawiri amataya mlandu wabwino chifukwa cha phuma. Lero ali kwa amfumu, mawa ku khonsolo, mkucha kwa majisitireti, ndipo akaona kuti zikuchedwa akasumanso ku khoti lalikulu pa nkhani yomweyo.

Munthu wotere amayesa kuti akuchulukitsa mwayi, koma makolo ananena kale kuti mapanga awiri avumbwitsa. Makhoti salola kuti anthu omwewo azengane nkhani imodzi m'mabwalo awiri nthawi imodzi. Woweruza akazindikira, amaimitsa kapena kuthetsa mlandu wachiwiriwo, ndipo wosumayo angalamulidwe kubweza ndalama zimene mnzake wawononga. Chifukwa chake n'choonekeratu. Bwalo lina likati poloti ndi ya uyu, lina n'kuti ndi ya uyo, adzamange nyumba ndani?

Nzeru imeneyi siyalero. M'chaka cha 1843 khoti la ku England, pa mlandu wa Henderson, linagamula kuti wosuma abweretse madandaulo ake onse pamodzi, osasungako ena kuti adzavutitsirenso mnzake mtsogolo. Nkhani ikagamulidwa, wosakhutira njira yake ndi apilo, osati kuyambanso mlandu pabwalo lina.

Nanga amene waiwala mfundo, kapena walemba molakwa kukula kwa poloti kapena dzina la womusumira, atani? Njira ilipo, ndiyo kukonza chikalata cha dandaulo mumlandu womwewo. Malamulo oyendetsera milandu yotere ku khoti lalikulu, amene anakhazikitsidwa mu 2017, amalola zimenezi. Mlandu ukakhala kuti wapita patali, wokonzayo amayenera kupempha chilolezo, ndipo woweruza amayamba waona ngati mbali inayo siiponderezedwa. Amene wafulumira amamveredwa mosavuta; amene wadikira mpaka mboni zatha amakumana ndi chitseko cholimba.

Chitsanzo chachikulu chinaoneka mu Lilongwe momwemo. Chisankho cha pa 21 May 2019 chitatha, malemu Saulos Chilima ndi a Lazarus Chakwera anakasuma aliyense payekha kutsutsa kupambana kwa a Peter Mutharika. Khoti linaphatikiza madandaulo awiriwo kukhala mlandu umodzi, ndipo oweruza asanu anamva umboni wonse pamodzi. Pa 3 February 2020 anafafaniza chisankhocho, pa 8 May khoti la apilo linavomereza, ndipo pa 23 June anthu anavotanso. Mabwalo awiri akanazenga padera n'kugamula zosiyana, dziko likanagwira iti? Ngati njirayi inasenza mlandu wa dziko lonse, singalephere poloti ya ku Mgona.

Ena adzati wosauka amathamangira uku ndi uku chifukwa milandu imakhalitsa ndipo maloya ndi odula. Dandaulo limeneli n'loona, ndipo oyendetsa makhoti sayenera kulinyozera. Komabe mlandu wachiwiri sufupikitsa woyamba. Umangowonjezera mulu wa mafayilo patebulo la woweruza yemweyo amene akudandaulidwa kuti akuchedwa, ndipo ndalama ya minibasi ndi ya zikalata imachuluka kawiri. Wosowa loya ali ndi ofesi ya Legal Aid Bureau, imene inakhazikitsidwa kuti ithandize anthu opanda ndalama.

Kupita kwa amfumu kukayanjana si kulakwa, pakuti ngakhale khoti lalikulu limayamba layesa kugwirizanitsa odandaulirana. Cholakwika ndi kubisira bwalo lina zimene zikuchitika pabwalo linzake.

Apa ndipo pali ntchito ya aphunzitsi ndi achinyamata amene atsiriza sukulu, pakuti ndiwo amawerengera makolo masamani ndi kuwalembera makalata. Alangize makolowo kusonkhanitsa malisiti, mboni ndi masiku asanasume, kusankha bwalo limodzi, ndi kukonza cholakwa msanga pomwe mlandu uli. Poloti zambiri zatayika m'manja mwa eni ake enieni, osati chifukwa chosowa chilungamo, koma chifukwa chochifuna m'makomo ambiri nthawi imodzi.