Fayilo yooneka pa kompyuta koma ili kutali

Google Drive, OneDrive ndi Dropbox ndi njira zosungira mafayilo m'makompyuta akuluakulu a makampani akunja, zimene ambiri amangoti cloud. Masiku ano mafayilowo amaoneka mu File Explorer ya Windows limodzi ndi mafoda ena onse. Google Drive imadziika ngati diski ya G:, pomwe OneDrive imabwera kale mu Windows 10 ndi 11. Malo aulere ndi 15 GB ku Google, 5 GB ku OneDrive ndi 2 GB ku Dropbox.

Kwa wotayipa makalata pa Mbulumbuzi, m'mbali mwa msewu wa Blantyre kupita ku Zomba, phindu lake n'losachita kufunsa. Kalata yofunsira ntchito, ndondomeko ya ukwati, mayeso amene aphunzitsi abweretsa, zonse zikakhala mu foda ya cloud sizitayika ngakhale kompyuta itapsa kapena kubedwa. Zimapulumutsanso ku mafulashi oyenda m'matumba a anthu, odzaza mavairasi obisa mafoda.

Koma kufanana kwa mafodawo n'kumene kumapusitsa. Mu 2017 Microsoft idabweretsa Files On-Demand mu OneDrive: dzina la fayilo limaoneka, fayiloyo ili kutali. Chinsinsi chili pa kachizindikiro kapambali pa dzinalo. Kamtambo kabuluu kakutanthauza kuti fayilo ili pa intaneti pokha, ndipo netiweki ikathawa siitseguka, kasitomala ali chiimire pakhomo kudikira pepala lake. Kachongi kobiriwira m'kabwalo koyera ndi fayilo yotsitsidwa, koma Windows ingaibweze kumtamboko pofuna malo. Kabwalo kobiriwira konse ndiye kodalirika: fayiloyo ikhala pa kompyuta mpaka kalekale. Kuti zitero, munthu amadina kumanja pa fayilo n'kusankha "Always keep on this device". Opanga mapulogalamuwa, zikuoneka, ankaganizira nyumba zimene intaneti siiduka.

Nkhani ina ndi bandulo. Ambiri amalumikiza kompyuta ku hotspot ya foni ya Airtel kapena TNM, ndipo foda ya zithunzi zaukwati ikayamba kukwera yokha, bandulo imatha mwini asanadziwe. Kuuza Windows kuti kulumikizanako ndi "metered" kumaimitsa OneDrive.

Kufufuta fayilo mu foda yotereyi kumaifufutanso kumtambo ndi pa foni. Google Drive ndi OneDrive ya munthu payekha zimasunga zofufutidwazo masiku 30, kenako zimapita.