Mau a Mlangizi: Mudzi Umene Unagwetsedwa

Sabata lino tiyambe taika khasu pansi, ndikusimbireni za kanema wamfupi amene ndinaona. Dzina lace ndi Remember Africville, wa mphindi 35, ndipo anamkonza ndi mai Shelagh Mackenzie m'caka ca 1991.

Africville unali mudzi wa anthu akuda m'mphepete mwa mzinda wa Halifax, m'dziko la Canada. Makolo ao anagula malowo mu 1848. Msonkho anali kukhoma ndithu, koma akuluakulu a mzinda sanawapatse madzi a m'mipopi. M'malo mwace anawaikira dzala la mzinda pafupi ndi nyumba zao. Pambuyo pace akuluakulu omwewo anati mudziwo ngwauve, ucoke kuti pabwere citukuko.

Kuyambira 1964 kufikira 1970 anthu ngati 400 anasamutsidwa, nyumba zao nkugwetsedwa. Katundu wa ena anamnyamula pa magalimoto otaya zinyalala. Nyumba yao yakale yopemphereramo, m'mene anali kumangitsira maukwati ndi kukambirana za mudzi, anaigwetsa mu 1967. M'kanemayo tiona zithunzi zakale za mudziwo, ndipo eni ace alankhula okha za kwao kumene kulibenso.

Cimene cinandikhudza ine ndi ici: mabanja ambiri analibe makalata osonyeza kuti malowo ngao, ngakhale anabadwira pomwepo. Otere anangopatsidwa madola 500 basi.

Mu 2010 mkulu wa mzinda, bambo Peter Kelly, anapepesa poyera, ndipo mu 2011 anamanga nyumba ina yofanana ndi yopemphereramo ija. Koma abale ndi anansi anali atabalalika kale. Madzi akatayika saoleka.

Tsono abale anga, nkhaniyi njakutali, koma mizinda imakula kuli konse, ndipo imakulira m'minda ya anthu. Ngati muli ndi kalata ya malo, isungeni m'citini cotseka bwino, kuopa ciswe ndi mvula. Malire a munda wanu adziwike kwa amfumu ndi mboni, ndipo ana anu muwasonyeze. Kukaitanidwa msonkhano wa za mseu kapena msika watsopano, pitani nonse, amuna ndi akazi omwe. Mukafunse za manda, za citsime ndi za nyumba zakale anchito asanafike ndi makina ao.

Tsalani bwino. Sabata la mawa tibwerera ku munda.

Ndine wanu,
Mlangizi