Mtengo wa mutu wa munthu

Abale anga, ena mwa inu mumati kuchotsa chiboliboli n'kufafaniza mbiri. Chabwino, tiyeni tiiwerenge mbiriyo.

Edward Cornwallis anali mkulu wa asilikali wa ku England. Nkhondo ya ku Culloden itatha mu 1746, anyamata ake anatentha nyumba za anthu ku Scotland n'kuwalanda ng'ombe. Mu 1749 anamutumiza ku Nova Scotia, komwe lero ndi ku Canada, kukakhala bwanamkubwa. Anamanga Halifax pamalo a anthu a mtundu wa Mi'kmaq, ndipo chaka chomwecho analengeza kuti wopha kapena kugwira mmodzi wa eni nthakawo alandira ndalama zagolide 10. Umboni wake? Chikopa cha pamutu pa wophedwayo.

Ine kumsika ndimaika mitengo tsiku lililonse, ya tomato, ya anyezi. Uyu anaika mtengo pamutu pa munthu! Atabwerera kwawo anakhala phungu wa Westminster, kenako bwanamkubwa wa Gibraltar mpaka kumwalira mu 1776.

Mukuti inali nkhondo, zinali zakalekale? Nanga chiboliboli chake ku Halifax anachiimika liti? Mu 1931, dzulodzuloli. Anachichotsa mu 2018, a Mi'kmaq atadandaula zaka zambirimbiri. Dzina lake m'mabuku likadalimo, palibe walifufuta. Chachoka ndi mkuwa womwe zidzukulu za ophedwawo zinkauyang'ana podutsa.